Ndodo ya a Maharaja

A Harvey Dzimphonje anabadwira kwa Kasiya, koma mutu wawo unakulira ku India, dziko limene phazi lawo silinapondeko ngakhale kamodzi. Nthendayi inawagwira ali ndi zaka makumi awiri, akugulitsa misomali ndi penti m'sitolo ya mmwenye wina ku Lilongwe. Mmwenyeyo anali ndi katoni ya mabuku a malemu bambo ake, ndipo masamba ake ankang'amba n'kumakulungira misomali. A Harvey ankayamba awerenga tsambalo asanakulunge, kasitomala ali chilili. Mmwenye atatopa nazo anawaponyera buku lathunthu kuti azikawerengera kwawo. Linali la mafumu akale a ku India ndi malamulo awo. Basi, munthu anathera pompo.

Sukulu anaikoka ndithu, tisawanamizire. Anaikoka mpaka inawafikitsa ku Sheffield, mzinda wa ku Mangalande, kuti akatenge udokotala wa m'mabuku pa nkhani ya mafumu omwewo. Padutsa zaka khumi ndi zinayi, udokotalawo ukadali pamoto ngati nyemba za chaka chatha. Podikira kuti zipse, bamboyo ankagwira ntchito m'nyumba yosungira okalamba, kutembenuza azigogo a chizungu ndi kuwasambitsa. Mzati weniweni wa pakhomo anali akazi awo, a Esnath, namwino wa pachipatala chachikulu, mayi wosayankhula kawiri. Mwana anali mmodzi, Shirley, wobadwira komweko, wakumva Chichewa chonse koma woyankha m'chizungu.

Kutchalitchi kwa Amalawi anawapatsa dzina loti a Maharaja, kutanthauza mfumu yaikulu ya ku India. Paphwando lililonse, kaya la ubatizo kaya la tsiku lobadwa, munthu ukangoika nkhuku pakamwa, iwo afika kale pambali.

"Achimwene, mukudziwa kuti mfumu ya ku India inkatenga gawo limodzi lokha mwa magawo asanu ndi limodzi a zokolola? Ndipo wakuba akakubera, mfumu ikalephera kumugwira, inkakubwezera ndi chuma chake?"

"Sindimadziwa, a Maharaja."

"Nanga akazitape? Wometa tsitsi, kazitape. Wopemphapempha pakachisi, kazitape. Mfumu yopanda makutu ndi mtembo."

"Ndiye ife pano ndi mafumu tonse," ankatero amayi akuseka, "makutu okha tili nawo."

Koma mawu amene ankawakonda koposa mkazi anali danda. Ankati m'chinenero chakale cha kumeneko mawu amodzi omwewo ndi ndodo, ndi chilango, ndi asilikali a mfumu. Ankati anthu akalewo ankakhulupirira kuti dziko likasowa ndodo limasanduka dziwe la m'chilimwe, momwe nsomba yaikulu imameza yaing'ono. Mfumu yomenya mopyola anthu amaida, yomenya mofewa amaiderera, yabwino ndi yodziwa muyeso. Pofotokoza izi kunyumba ankatsitsa ndodo ya phingo imene inkakhala pakhoma la pabalaza. Inali yoyendera ya malemu bambo awo, anabwera nayo pochokera kumaliro. Ankaigogoda pansi, gu! gu!, pamapeto pa mfundo iliyonse, mpaka mzungu wa khoma linalo nayenso ankagogoda kwake.

Tinene zoona pano, popeza miseche nayo ili ndi malamulo ake: ndodoyo sinakhudzepo mwana. A Harvey ngakhale kangaude wa m'bafa ankamutulutsa panja ndi kapu. Shirley ankakwera ndodoyo ngati hatchi.

Mu Januwale wa chaka chimene Shirley anakwanitsa zaka zisanu ndi zitatu, misewu ya Sheffield inauma ndi madzi oundana. Amene akuudziwa mzindawu akudziwa kuti kulibe malo athyathyathya, ukapanda kukwera ndiye kuti ukutsika. Mwana anaterereka pamtsetse popita kukakwera thiramu, kasitima koyenda m'misewu ya mumzinda, nagwera pachitsulo cha mpanda. Pamkono panatsala mzere wakuda, wautali, wowongoka ngati wolemba ndi rula. Amayi ake anapaka mankhwala, nkhani inatha.

Lachisanu la sabata yomweyo kusukulu anawauza ana kuti ajambule amene amaika malamulo kunyumba kwawo. Shirley anajambula bambo wamkulu mutu, ndodo ili m'manja, ndi nsomba ziwiri pansi pake. Analemba m'chizungu kuti adadi amati pakapanda ndodo wamkulu amadya wamng'ono. Aphunzitsi anayang'ana chithunzi, anayang'ana mkono.

"Kodi adadi ako ndodoyi amaigwiritsa ntchito?"

"Every day," anatero mwana, monyadira ndithu. "At dinner."

Tsiku limenelo Shirley sanabwerere kunyumba. A Harvey anakafika pageti ya sukulu ndi jekete la mwana m'manja, n'kupeza wapolisi ndi mayi wina wa ku ofesi yoona za ana, dzina lake Nicole. Anawauza kuti mwana akakhala kaye ndi banja lina mpaka zinthu zifufuzidwe. Ndodo anainyamula madzulo omwewo, ataikulunga m'pulasitiki ngati nyama ya kubutchala.

Dokotala amene anaona mkonowo analemba kuti mwina ndi chitsulo, mwina ndi ndodo. Mwana ananena za kugwa, koma ana oopa makolo amanenanso choncho. Kotero mlandu wonse unatsalira pakamwa pa a Harvey, ndipo a Esnath anadziwiratu kuti ngozi ili pamenepo.

"Bambo a Shirley, ndakugwirani mwendo. Akakufunsani, muyankhe inde kapena ayi. Kwa eni kulibe mkuwe. Amwenye anu aja muwasiye pakhomo."

"Mayi, awa ndi a boma, ndipo boma ndalidziwa kuyambira muzu wake. Mdani wamphamvu amagonjetsedwa ndi njira zinayi. Umayamba ndi kunyengerera, kenako mphatso, kenako kugawanitsa…"

"Ine ndikufuna mwana wanga, osati njira."

Nicole anabwera kunyumba Lachiwiri m'mawa ndi kope lake. A Harvey anavala suti. Anamuyamikira mayiyo chifukwa cha nzeru zake, ntchito yake, ngakhale kalembedwe kake, mpaka iye anasuntha mpando. Ndiye linabwera funso.

"Bambo Dzimphonje, kodi mumakhulupirira kuti chilango cha ndodo ndi choyenera?"

A Esnath anaponda phazi la amuna awo kunsi kwa tebulo. Koma kufunsa a Maharaja funso limenelo kunali ngati kufunsa woledzera ngati kuli mowa wabwino. Zaka khumi ndi zinayi munthu asanawafunsepo mwakufuna kwake!

"Funso lanu n'lakuya, mayi," anatero m'chizungu chawo cha m'mabuku. "Popanda ndodo palibe dziko, palibe banja, palibe lamulo. Nkhani ndi muyeso basi. Inu nomwe mwabwera ndi ndodo m'nyumba muno, kungoti yanuyo ndi bolopeni."

Analankhula mphindi makumi anayi. Nicole analemba mizere iwiri yokha.

Potuluka, a Harvey anathamangira kukhitchini n'kubwera ndi jumbo la mpunga wa Kilombero ndi chitenje chatsopano chimene a Esnath ankasungira ukwati wa mng'ono wawo. Pano ngakhale ife sitingawadzudzule kwambiri. Kwathu mlendo wobwera koyamba sabwerera chimanjamanja, ngakhale atabwera kudzakulanda mbuzi. Nicole anabisa manja kumbuyo ngati wapatsidwa njoka. Iwo anaganiza kuti ndi ulemu chabe, monga timakanira tonse poyamba, ndiye anakakamira, namutsatira mpaka kugalimoto, nakaika jumbolo pampando wakumbuyo. Mawa lake mpungawo unabwezedwa ndi kalata. M'faelo munalowa mawu oti bamboyu anayesa kupereka chiphuphu kwa wogwira ntchito ya boma.

Za kugawanitsa sizinachedwe n'komwe. Analembera bwana wa Nicole kuti mtsikanayu ndi wosakhwima, ndipo anauza Nicole kuti bwana wake sakumuyamikira mokwanira. Awiriwo ankakhala ofesi imodzi, kumwera tiyi ketulo imodzi.

Chimene chinawatsiriza sichinachokere m'buku lililonse. Patatha masabata atatu anawalola kukaona mwana m'kachipinda ka zidole, pali mayi wina pakona wolemba zonse. Shirley atalowa anaima kaye pakhomo. Bambo ake anatulutsa m'thumba maswiti amene amawakonda. Mwanayo, pofuna kuonetsa azunguwo kuti analeredwa bwino, anachita zimene amayi ake anamuphunzitsa kuchitira akulu: anagwada pansi, nalandira ndi manja awiri, maso ali pansi. A Harvey misozi inalengeza. Anayang'ana mayi wapakonayo monyada, ngati akuti waona?

Mayiyo anaonadi. Analemba kuti mwana amagwada pamaso pa bambo ake ndipo amaopa kuwayang'ana kumaso.

Abusa analemba kalata yofotokoza mwambo. Amayi a kutchalitchi anasaina. Koma faelo inali itanenepa kale, ndipo tsamba lililonse linali ndi mawu a mwini wake.

Msonkhano waukulu unachitika mu Epulo, m'chipinda cha tebulo lalitali, anthu asanu ndi anayi. Wapampando, bambo waimvi wolankhula motsitsa, ananena kuti apolisi alibe umboni wokwanira kutengera nkhaniyi kukhothi, koma ofesi yawo sikukhutira. Mwana angathe kubwerera kwa amayi ake ngati bambo atatuluka m'nyumbamo, kukachita maphunziro a kaleredwe, ndi kusaina kuti akuvomereza kuti maganizo awo pa ndodo ndi olakwika komanso oopsa. Akakana, nkhani ipita kwa woweruza wa nkhani za ana, ndipo a Esnath adzaonedwa ngati mayi wolephera kuteteza mwana. Namwino akalembedwa mawu amenewo, ngakhale yunifolomu imayamba kumuthina.

"Ndisaine kuti chiyani?" anatero a Harvey. "Mwana sindinamumenye. Zimenezo ndisaina kakhumi. Koma kuti anthu onse aja, zaka zikwi ziwiri, analakwitsa? Inuyo mukundilanga pano popanda mboni zitatu. Ku India wometa tsitsi yemwe akanakusekani!"

Anamenya tebulo ndi chikhatho, kapu ya madzi inagwa. Anthu asanu ndi anayi analemba nthawi imodzi.

A Esnath sanawayang'ane. Anakoka pepala lawolawo, lovomera kuti bambo atuluke m'nyumba, nawerenga mzere ndi mzere monga amawerengera mankhwala a wodwala, nasaina.

"Mayi a Shirley?"

"Mwamva ndi makutu anu," anatero m'Chichewa, mawu ali pansi. "Muli awiri, ndipo andiuza kuti ndinyamule mmodzi. Inu muli ndi miyendo."

Kampani ya okalamba imene a Harvey ankagwirako ntchito inali ndi nyumba ina ku Middlesbrough, mzinda wina wakutali, ndi kachipinda ka wantchito pamwamba pake. Loweruka masana a Esnath anawaperekeza kudepoti ya basi, masutikesi awiri, imodzi ya zovala, ina yolemera ngati ya njerwa.

"Mukudziwa," anatero a Harvey basi ikulowa, "munthu wophunzira ku India sankadulidwa dzanja, ngakhale alakwe chotani. Ankangomuperekeza kumalire, katundu wake ali m'manja."

"Kwerani, bambo a Shirley. Ikusiyani."

Shirley anabwerera kunyumba Lachiwiri.

Pepala lija a Harvey anakhala nalo zaka zitatu. Maphunziro a kaleredwe anapitako, koma ankakangana ndi mphunzitsi. Kawiri anabweza pepalalo atalikonza mawu ndi inki yofiira, n'kuwonjezera ndemanga m'munsi. Mwana ankamuona kamodzi pamwezi, ola limodzi, pali munthu pakona. Kutchalitchi ku Sheffield anthu anayamba kudya nkhuku mwamtendere, ndipo ena ankati phwando silikukomanso.

Chaka chachitatu, gogo wina wa chizungu amene ankamusambitsa tsiku lililonse anamwalira, ndipo pamaliro panafika anthu awiri okha, a Harvey ndi wansembe. Ana a gogoyo anatumiza maluwa. Atachoka kumandako analowa m'kachipinda kawo, natenga pepala, nasaina osasintha ngakhale kadontho.

Koma nthawiyi Shirley anali ndi zaka khumi ndi chimodzi, ndipo mwana wa msinkhu umenewo amafunsidwa maganizo ake. A ku ofesi ija anamufunsa payekha, kenako anamufunsanso bambo ake ali pomwepo, chifukwa a Harvey anakana kukhulupirira zolembedwa. Shirley anali atatalika, tsitsi ataluka mwa mtundu wina, foni ili m'manja.

"Mwana wanga," anatero iwo, "ndasaina. Ndanena kuti ndinalakwa. Ukufuna ndibwere kunyumba?"

Mtsikanayo anayang'ana amayi ake, anayang'ana khoma. Zaka zitatu zonsezo ankadziwa kuti chinachotsa bambo ake pakhomo ndi chithunzi chake, ndipo palibe anamufunsapo kuti katundu ameneyo akumusenza bwanji.

"I'm okay like this, Dad."

"Yankha m'Chichewa, ndimve bwino."

Shirley anaika foni m'thumba. Kenako, kwa nthawi yoyamba pamoyo wake, anawayankha bambo ake m'chinenero chawo, mawu aliwonse payekhapayekha, lilime likulemera.

"Musabwere, adadi. Tazolowera."

A Harvey anatsegula pakamwa. Amene analipo akuti anadikira ndithu, poganiza kuti kutuluka mfumu ina ya ku India. Sikunatuluke kanthu. Anavala chipewa, nafunsa mayi wapakona nthawi imene basi ya ku Middlesbrough inyamuke.