Lata la Nadzimbiri

Tsiku lomwe zotsatira za mayeso zinatuluka dzina la mtsikana wina palibe, bambo ake, mmisiri wokhoma zidebe, anamuponyera chikwama panja.

"Ine zala kupindika ndi nyundo, iwe n'kumajambula zithunzi m'makope? Choka."

Mtsikanayo anakakhala kwa azakhali ake, kuseri kwa galaja. Utoto analibe. Ankatola malata otayidwa, n'kumawapaka madzi amchere kuti dzimbiri lidye pokhapo pomwe iye wafuna, mpaka nkhope ya munthu ituluke. Amakaniko anamutcha Nadzimbiri. "Mlamu, ukamaliza utikongoletsereko chitseko cha chimbudzi."

Mphepo itasasula denga la nyumba ya bambo ake, anakatola kudzala lata lina lachigamba. Anajambulapo manja a bambo ake atagwira nyundo.

Kunyumba yoonetsera zaluso anamubweza kangapo asanalilandire. Atatumiza uthenga kuti bambo akaone, yankho linali lalifupi: "Kunyumba yamagalasi ija? Mlonda akayambira kundiyang'ana nsapato."

Sananame. Anthu a mataye amakonda zitseko. Koma eni nyumba ya zalusowa, tiwapatse zawo, anaganiza bwino. Poona kuti osauka salowa, anayamba kuonetsa zalusozo pa wailesi ya kanema.

Tsiku lina bambowo ali pampando wometera, wometa analoza kanema wapakhoma.

"Madala, si mwana wanu uyu?"

"Ndilibe mwana wotola zinyalala. Meta."

Kamera inayandikira lata lija mpaka chigamba chinadzaza galasi lonse.

"Taimitsa kaye," anatero bambowo. "Chigamba icho ndinakhoma ine. Taona kupinda kwa m'mphepete. Sichinadonthepo."

"Nanga manjawo ndi a ndani?"

Bambowo anayang'ana kanema, anayang'ana zala zawo. Anatuluka mutu uli wometedwa mbali imodzi.

Kugalaja amakaniko anafuna kuseka, koma ataona nkhope yawo anabwerera pansi pa galimoto. Bambowo anaima pamaso pa mwana wawo.

"Malata umadula ndi chiyani?"

"Ndi mpeni, bambo."

"Uduka zala." Anatulutsa m'thumba lumo lawo lodulira malata, lomwe sankabwereketsa ngakhale m'bale. "Tenga. Ukamaliza ubwere kunyumba. Mayi ako akukufuna."

Inu amene anakutayani kudzala, mverani. Anthu adzakusekani, ena ndi a magazi anu omwe. Asiyeni, inu gwirani ntchito. Mwana uja anayamba ndi dzimbiri basi. Osataya mtima.