Puloti ya ku Wedza yatipulumuka

Moni nonse abale.

Tangotuluka kwa loya kuno ku Marondera, ine ndi amayi. Pepala lomwe malemu bambo anagulira puloti ija, loyayo sanalimalize n'komwe kuwerenga. Wangofunsa kuti a Moyo, ogulitsa aja, anakana liti kusaina kuti malowo akhale athu. Nditamuuza, wapukusa mutu. Akuti nthawi yokasuma inatha kalekale, lamulo limangopereka zaka zitatu.

Ife tinkangoti a Moyowo, sahwira wa bambo, bwenzi lapamtima limene linasambitsa mtembo wawo, sitingawakokere kukhoti. Ulemu womwewo watipweteka.

Amayi sanalire. Angomufunsa loyayo kuti, "Nanga amuna anga amene agona pamalopo, nawonso nthawi yawo yatha?"

Amalume, mukuti bwanji? Tikagwade kwa a Moyo kuti atisiyireko pamanda pokha?