Thunthu la Nthochi la ku Mlare

Inu amene mtima walefuka, tamvani za mtsikana amene anatsika minibasi pa Mlare atakolekera kamera m'khosi, osanena kwawo. Ankadzitcha Sheila.

Sankajambula anthu. Ankajambula maziko a nyumba zimene madzi osefukira anakokolola zaka zapitazo, ndi chitseko china choima chokha patchire. Mphekesera inawanda kuti ndi namapopa.

Dora, wogulitsa mpunga pamsika, ankamuopa kuposa onse. Madzi aja anamulanda makolo ndi mng'ono wake Ipyana. Mtembo wa mwanayo sunapezeke, choncho m'manda mwake anaikamo thunthu la nthochi. Ndiye tsiku lina dzuwa lili paliwombo, anthu anam'peza mlendoyo akujambula manda omwewo.

Anamukokera kumsika, miyala ili m'manja.

"Wayamba ndi akufa, mawa ndi ife!" anakuwa Morton wakabaza.

"Mundiphe mukaonera filimu yanga," anatero mtsikanayo, n'kutsegula laputopu imene inali m'chikwama chake.

Filimuyo inali yaifupi, yachilendo. Madzi akuda. Chitseko chija. Kenako mawu ake:

"Asodzi ananditola nditakakamira mtengo, pakamwa patatsekeka ndi mantha. Ndinakulira ku Boma ndikutsuka mbale m'malesitilanti. Kujambula ndinaphunzira pa foni yosweka galasi. Kumipikisano ankandibweza, amvekere filimu yopanda anthu si filimu. Sindinasiye, mpaka ina inapambana. Koma kwathu ndinkaopa, poti ndinamva kuti anandiika kale. Wouka kumanda amamulandira ndani?"

Mawuwo anayamba kuitana mayina a otayika, nyumba ndi nyumba, monga zinkandandalikira m'njira ya kudambo. Aliyense anamva wake. Miyala inagwa pansi, Morton anavula chipewa.

Pomaliza panaoneka manda aja, ndi kamawu konong'ona: "Dora, tandidikira, minga yandibaya."

 Mawu amenewo Dora anawamva komaliza akuthawa madzi, kadzanja ka mng'ono wake kakupulumuka m'dzanja lake. Sanauzepo munthu.

Inu amene anthu anakuikani kale m'manda muli moyo, musataye mtima. Mwina chimene anakwirira ndi thunthu la nthochi chabe.

Dora anapyola pakati pa anthu, nagwira nkhope ya mlendoyo ndi manja awiri, ngati akuopa kuti isungunuka.

"Iwe, usandinamize. Dzina lako lenileni ndani?"

"Akulu anga," anatero mtsikanayo, misozi ili chuchuchu, "ndine Ipyana."