Pepala limene linakulunga chinangwa

Makolo anga anamwalira motsatizana ndisanayambe sukulu. Amene anandilera ndi agogo, mayi a mayi anga, m'mudzi wa m'munsi mwa phiri, kufupi ndi Likhubula. Agogo anathyola tiyi pa esiteti mpaka msana unakana. Atasiya, ntchito yawo inakhala yolera ana a anzawo. M'mawa uliwonse amayi anayi ankadzera pakhomo pathu, madengu ali m'manja, n'kutsitsa ana pakhonde, n'kuthamangira kumunda kapitawo asanayambe kuitana mayina. Madzulo ankabwera kudzawatenga. Wina ankasiya ufa, wina sopo, wina kamchere, ndipo tinkakhalira zimenezo. Koma chachikulu sichinali ufa. Mayi wokalamba amene anaika m'manda mwana wake ndi mkamwini wake chaka chimodzi, anthu amamuyang'ana cham'mbali. Ana a pakhonde aja ndiwo ankasonyeza mudzi wonse kuti agogo ndi munthu wabwinobwino.

Nditalemba mayeso a Folomu 4 ndinakhala pakhomo zaka ziwiri osapeza chochita. Ndi pamene anandiitana aphunzitsi ena opuma ntchito a kutsidya kwa mtsinje. Paunyamata wawo anali ku seminale. Anasiya asanadzozedwe unsembe, koma Chilatini sanachisiye. Maso awo anali atachita ng'ala, ndiye ankafuna munthu wolemba bwino komanso wosalongolola. Wina anawauza za ine, mtsikana wa kwa agogo olera ana.

Ankamasulira m'Chichewa buku lakale kwambiri la Aroma, la nthabwala. Ndi nkhani ya mnyamata wachidwi chopitirira muyeso amene anafikira m'nyumba ya mayi wina wamatsenga. Atasuzumira, anaona mayiyo akudzola mafuta n'kusanduka kadzidzi. Nayenso anafuna kuuluka, koma wantchito wa m'nyumbamo anamupatsa mafuta olakwika, iye n'kusanduka bulu. Kuyambira pamenepo moyo wake unali katundu, zikoti ndi njala, kugulitsidwa uku ndi uku, nzeru zili za munthu koma mawu osatuluka. Zonsezi mnyamatayo amasimba yekha.

Tinkagwira ntchito m'mawa, pansi pa mtengo wa mapeyala, iwo buku lili pamphuno, ine kope lili pamwendo. Mabuku anali nawo awiri, la Chilatini ndi lina la Chingerezi lomasuliridwa ndi mzungu wina wakalekale. Mzunguyo ankamunyoza tsiku lililonse.

"Uyu anali wamanyazi," ankatero. "Akafika pa zakuchipinda amangozisiya m'Chilatini momwemo kuti ana asamve. Anthu ake onse amayankhula ngati ali paguwa, ngakhale akuba. Buku loseketsa ili, mayi mlembi. Munthu wa kuno akamaliwerenga aziona ngati zachitikira kuseri kwa nyumba yake."

N'chifukwa chake ankasintha zinthu. M'Chilatini mafuta aja amasungidwa m'timabokosi. Iwo anati, "Lembani nsupa." Ndinaimitsa cholembera. Nsupa kwathu si chinthu chotchula mwachisawawa. Ndi kachipanda kosungiramo mankhwala amene munthu safuna kuti anzake awaone.

"Bokosi ndi la nsapato," anatero aphunzitsi. "Lembani nsupa, anthu achite nthumanzi kaye, kenako aseke."

Mayina a anthu ndi a mizinda ankandivuta kulemba, ndiye anati tiwasiye, tidzawaika pomaliza. Ndinkangosiya mpata. Ndinaona mmene tsamba lopanda dzina lachilendo, lolembedwa ndi dzanja langa, linkaonekera: ngati nkhani ya m'mudzi mwathu momwe. Ndinaona koma sindinanene. Ndinakula choncho, kuona zinthu n'kukhala chete.

Kope ndinkapita nalo kunyumba kuti ndikalembenso mwaukhondo. Tsiku lina ndinalisiya pawindo n'kupita kuchigayo. Mwana wina wa pakhonde anasiya chinangwa chake chootcha, ndipo mayi ake atabwera agogo anafuna chokulungira. Agogo sankadziwa kuwerenga. Kwa iwo kope lodzaza linali kope lotha ntchito, ngati makope anga akale a kusukulu amene tinkayatsira moto. Anang'amba tsamba limodzi chapakati.

Bambo a mwanayo ankadziwa kuwerenga. Tsambalo linali la pamene mnyamata uja akusimba mmene anasuzumira pamng'alu wa chitseko, n'kuona mayi wa m'nyumbamo atavula, akutsegula nsupa, akudzola thupi lonse, nthenga zikumera. Panalibe dzina la munthu kapena la dziko. Panali dzanja langa lokha.

M'mawa mwake pakhonde panabwera ana awiri. Tsiku lotsatira panalibe ndi mmodzi yemwe. Amayi aja anayamba kudzera njira ya kumtunda, yozungulira, ana ali kumbuyo. Agogo ankasesa pakhonde, n'kuyala mphasa, n'kukhala mpaka dzuwa kufika pamutu. Sanafunse munthu. Ine ndinamva kumjigo. Nditafika amayi onse anasiya kuyankhula, ndipo mtsikana wina amene tinkaphunzira limodzi anandinong'oneza kuti, "Iwe, akuti walemba zimene agogo ako amachita."

Ndinakawauza aphunzitsi. Poyamba anaseka mpaka kutsokomola.

"Ndiye kuti tamasulira bwino, mayi mlembi! Akhulupirira!"

"Ana sakubweranso kwathu," ndinatero.

Anasiya kuseka. Anakhala kanthawi akusisita chikuto cha buku, kenako anafunsa tsiku la mphakati.

Mphakati ndi msonkhano wa mabanja a mpingo wathu okhala dera limodzi, ndipo wathu unkakumana Lachitatu masana. Tinapita tonse atatu, ine nditawagwira dzanja aphunzitsi powoloka mtsinje. Agogo anavala chitenje cha mpingo. Amayi anayi aja analipo, pamodzi ndi bambo amene anasunga tsamba lija, lidakali ndi phulusa la chinangwa. Mapemphero atatha, aphunzitsi anaimirira n'kukweza buku la Chilatini m'mwamba. Anafotokoza kuti wolemba wake anamwalira kalekale, kutsidya kwa nyanja zamchere, Uthenga Wabwino usanafike n'komwe kuno, ndipo kuti zonsezo ndi nthabwala chabe.

"Nthabwala?" anatero bambo aja. "Kodi kwa azungu kuli nsupa, aphunzitsi?"

"Nsupa ndinaikamo ndine."

"Ndiye munaikamo bwanji chinthu chimene m'bukumo mulibe? Anakuuzani ndani? Si mwanayu?"

Aphunzitsi anayamba kufotokoza za kamasuliridwe, kuti womasulira amasankha mawu amene owerenga akuwadziwa. Anatchula mawu a Chilatini awiri kapena atatu, ndipo ndinaona mayi wina akukokera mwana wake pafupi. Wapampando wa mphakati, mayi wofatsa wa msinkhu wa agogo, anawadula mwaulemu n'kupempha kuti ndiwerenge mbali ina, anthu adzimvere okha.

Ndinasankha pamene bulu uja wasenzetsedwa katundu wa akuba pokwera phiri. Akuganiza zonamizira kugwa kuti amusiye, koma bulu mnzake akuyamba kugwa ndiye. Akubawo akuponya mnzakeyo kuphompho, katundu wake n'kumugawira iye. Ndisanamalize, bambo wina amene amanyamula katundu wa alendo kukwera phiri la Chambe anaphulika kuseka.

"Ameneyo si bulu, ndine! Chikwama cha mzungu chili kumutu, mwini wake akujambula maluwa!"

"Makutu okha ndiye mukufanana," anatero mkazi wake.

Anthu anaseka, ngakhale amayi anayi aja anabisa pakamwa ndi zitenje. Wapampando anati kwa iwo nkhaniyi ikuphunzitsa kuti chidwi cha zamatsenga chimasandutsa munthu nyama, ndipo limeneli ndi phunziro labwino kwa Mkhristu aliyense. Aphunzitsi anatsegula pakamwa kuti atsutse, ine ndinawakoka malaya. Tinaimba nyimbo yotsekera. Bambo aja anandibwezera tsamba langa, atalipana ndi nsonga za zala ziwiri.

Pobwerera agogo anatsogola. Titayandikira kunyumba anang'ung'udza m'Chilomwe, chimene ankachita akatopa kwambiri, kenako anatembenuka.

"Iwe, munthu wa m'buku lanuyo anadzakhalanso munthu?"

"Akuti anakhalanso, agogo. Kumapeto."

"Patapita nthawi yaitali bwanji?"

"Sitinafikepo."

Sanandikalipire, ndipo ine sindinawauze kuti tsambalo anang'amba ndi iwo. Mwina ankadziwa.

Ndinkaganiza kuti popeza anthu aseka, nkhani yatha. Lachinayi sikunabwere mwana. Lachisanu chimodzimodzi. Potuluka m'tchalitchi Lamulungu amayi aja anapereka moni kwa agogo mwaulemu wonse, mawondo atapinda, koma ana anawasiya chapatali. Kwa aphunzitsi ndinkapitabe, kope ndikulisiya komweko. Tsiku lina anandiuza kuti ndibwerere m'mbuyo, paliponse pamene pali nsupa ndifufute ndilembe bokosi. Ndinafufuta. Sanatchulenso za mzungu wamanyazi uja, ndipo tinkamaliza masamba ochepa kuposa kale.

Patatha sabata ziwiri, m'mawa wina wa nkhungu, anafika mmodzi mwa amayi anayi aja, wamng'ono pa onse, amene mwamuna wake anapita kukafuna ntchito kutali. Anaima pabwalo, osakwera pakhonde.

"Agogo, kapitawo wati ndikapitanso ndi mwana kumunda andichotsa ntchito. Ndilibe kwina."

Anamasula mbereko. M'khosi mwa mwanayo munali kachingwe kakuda katsopano, kokhala ndi kachithumwa kotetezera ana kwa afiti. Ndinakaona, agogo nawonso anakaona. Anatambasula manja n'kumulandira.

"Wadya?"

"Sanadye."

"Pitani, mwachedwa."

Mayiyo anatola dengu lake n'kuthamanga, akucheuka kawiri. Atatu enawo sanabwerenso.