Nkhope ya bwana m'munda wanga wa mpunga

Ine sukulu ndinalekeza sitandade 2, koma mawu Mulungu anandipatsa. Ndikaitana munthu ndili ku Domasi, amayankha wa ku Songani. Funsani aliyense.

Zipani zitachuluka, kunabwera bwana wina wofuna upulezidenti. Chimkuzamawu chawo chinali chovutavuta, ndiye anthu ake anandipeza kuti ndizikuwa pamisonkhano. Anandipatsa nsalu yokhala ndi nkhope ya bwanayo. Koma kampeni inagwa nthawi imene mpunga umacha, pamene mpheta zimafuna munthu m'munda kuyambira m'mawa. Ine ndinakuwa masabata atatu. Bwana analuza, mpunga wanga mpheta zinamaliza. Chaka chimenecho tinadya wopempha kwa alamu anga, ine munthu wodziwika.

Patapita zaka zisanu, bwana yemweyo anaimanso. Anthu ake anabweranso.

Akazi anga anayankha ine ndisanatsegule pakamwa. "Mawu a abambowa chaka chino ndi a mpheta. Mukawafuna, mubwere mudzakhale m'munda inuyo."

Ndinakhaladi m'munda. Koma munda ndi wautali, ukakuwa uku zatera uko. Akazi anga anatenga nsalu ija, naimanga pansungwi kumapeto, chakumsewu. Mphepo ikawomba, bwana amagwedeza mutu, mpheta osayandikira.

Tsiku la msonkhano wa ku Songani, galimoto zinaima pamsewu. Ndinangoona bwana mwiniwake akutsika, suti yakuda, nsapato zikulowa m'matope. Ndinati lero nsalu achotsa, ndipo mpunga wapitanso.

"Madala, mbendera iyi ndi yanu?" anafunsa bwana. "Anthu okhulupirika ngati inu ndi ochepa."

Ndikanangovomera. Koma ine kunama sinditha, komanso kunong'ona sinditha. Anamva ndi a m'galimoto yomaliza omwe.

"Bwana, si mbendera. Mukuingitsa mbalame."

Wapampando wa chipani anagwira kumutu. "Madala, mwatukwana. Ichotsedwe pompano."

Bwana anayang'ana nsalu, anayang'ana mpunga. "Nanga zikuthawa?"

"Kwambiri, bwana. Mbali yanuyi sizinadyeko ngala ndi imodzi yomwe. Zikudya mbali yanga."

Anaseka mpaka kutsokomola. "Ndiye ndikukuposani ntchito?"

"Mwayamba kumene. Tionane pokolola."

"Apampando, musiyeni munthuyo agwire ntchito," anatero, akuloza nkhope yake yomwe. "Muwapatsenso nsalu ziwiri."

Tinazimika m'ngodya zinazo. Voti ndinam'patsa, sindibisa, ndinadinda ndi chala changa ichi. Analuzanso, ndipo pawailesi anati adzaimanso ulendo wina. Anthu ku Songani ankandiseka kuti bwana wako uja mpando ukumuthawa. Ine ndinkawauza kuti abwere kwathu adzaone.

Mpunga tinamweta, tinapuntha masiku anayi. Thumba loyamba ndinakweza panjinga, ndinakatula kwa alamu anga masana dzuwa lili pamutu, ndikuwaitana dzina kuyambira pamlatho.