Kabati wa ku Javorná

Vendelín Hraško anabadwa wamkulu thupi, moti azamba atamunyamula anauza mayi ake kuti, "Uyu mukamulembetse sukulu mawa lomwe." Kwawo kunali ku Javorná, tauni yaing'ono ya m'mapiri a dziko la Slovakia, kumene amuna ambiri ankagwira ntchito pafakitale yocheka matabwa. Bambo ake, a Ignác, ankanola macheka pafakitalepo. Ndi iwonso amene ankanola zitsulo za kunsi kwa nsapato zotsetserekera pa madzi oundana za ana onse a mumsewu wawo.

Dziwe la kuseri kwa fakitale likaundana ndi kuzizira mu Disembala, ana ankakhamukirako ndi ndodo zawo kukasewera hoki, masewero omenya kampira ndi ndodo uku akutsetsereka, mpaka zala kuuma. Vendelín liwiro analibe. Kampira kakuda kaja, kolimba ngati mwala, kankamudutsa iye akadaganiza zotembenuka. Koma munthu sankamudutsa. N'chifukwa chake anzake anamupatsa dzina loti Kabati.

"Iwe Kabati, tasuntha! Kapena tiitane anthu anayi adzakunyamule?"

"Zungulira," ankayankha iye. "Ukafika kuseriko undilembere kalata."

Ali ndi zaka khumi ndi ziwiri, mphunzitsi wa timu ya m'tauniyo, a Koloman, anamuona padziwepo n'kumutenga. Anamuika kumbuyo kuti azitchinga. "Miyendo Mulungu anakumana," anamuuza, "koma maso anakupatsa. Usamayang'ane kampira, kamanama. Uziyang'ana pachifuwa pa munthu." Vendelín anamvera. Pofika zaka makumi awiri anali akusewera mu ligi yaikulu ya dziko lawo, ndipo osewera kutsogolo a matimu ena ankadana naye chifukwa ankawalanda kampira mwaulemu, popanda ngakhale kuwagwetsa.

Anakwatira Blažena, mtsikana wa papositi ofesi, wamfupi koma wa pakamwa pakuthwa. Chaka chotsatira, boma litayamba kulola anthu kupita kunja, kunabwera munthu wina wa ku Canada wovala chikhothi chachitali. Anaonerera masewero awiri, n'kupempha kuti Vendelín apite kwawo. Nthawiyo n'kuti Blažena ali woyembekezera.

"Ndikana," anatero Vendelín akudya supu wa kabichi. "Ndingakusiye bwanji uli chonchi?"

"Pita, Vendo. Ukapanda kupita udzandidandaulira mpaka ukalamba, ndipo ine nkhalamba yong'ung'udza m'nyumba sindiifuna. Mwanayu ndibereka ndine, iwe ukanangoima pakhomo n'kutsekereza anamwino njira."

Anapita. Koma sinali ligi ya anthu otchuka ija ankaionera pakanema. Inali ligi yaing'ono, m'tauni ya pachigwa chopanda phiri ngakhale limodzi, kumene timu inkayenda pabasi maola khumi ndi anayi kukasewera. Chingerezi chake chinali cha moni ndi zikomo basi. Tsiku la masewero ake oyamba, mphunzitsi wa kumeneko anamugogoda paphewa, analoza wosewera wina wa timu inayo, kenako anakunga chibakera. Vendelín anamva popanda womasulira. Anthuwa sanaitane maso ake, anaitana zibakera zake.

Anamenya. Zaka ziwiri zathunthu ntchito yake inali imeneyo: kulowa m'bwalo mphindi zisanu, kuvula magolovesi, kusinthana zibakera ndi chimphona cha timu ina, kenako kukakhala pabenchi ya chilango anthu akukuwa dzina lake. Mano anayi anatsala m'mabwalo osiyanasiyana, mphuno inathyoka katatu. M'makalata opita kwa Blažena ankalemba za chipale chofewa chimene chimagwa nthawi yozizira ndi za kukula kwa nyama yowotcha ya kumeneko. Za ndewu sankatchula. Mwana wawo wamkazi, Terézia, anayamba kuyenda bambo ake atangomuona miyezi itatu yokha.

Tsiku lina Lamlungu masana, mphunzitsi anamulozera munthu wina wamtali, wa ndevu zofiira. Ataimirira moyandikana kudikira woyimbira kuti aponye kampira, wandevuyo anayankhula m'Chitcheki, chinenero chimene Vendelín ankachimva ngati chakwawo.

"Akutuma, eti m'bale? Inenso andituma. Ndine Bohumil. Tiye tithane nazo, koma mano a kumanzereku usawakhudze, ndangoikitsa kumene."

Vendelín anaseka, koyamba kuseka m'bwalo chifikireni m'dzikolo. Anagwirana majuzi, n'kuyamba kuponyerana mosaikirapo mtima. Koma chisoti cha Bohumil chinavuka, phazi linaterereka, ndipo anagwa chagada n'kumenyetsa mutu pa madzi oundana aja. Sanadzuke. Anthu ankaomba m'manja. Vendelín anangoti njo, manja ali lende, kuyang'ana akumunyamula pamachira.

M'mawa mwake basi ya timu inanyamuka popanda Vendelín. Anapita kuchipatala. Anapeza Bohumil atatsitsimuka, mutu uli m'mabandeji, madokotala atamuuza kale kuti za hoki aiwale.

"Ndikhululukire," anatero Vendelín.

"Khala pansi, ukunditchingira dzuwa. Mano aja alipo onse, ndiye pangano unasunga." Kenako Bohumil anapitiriza, "Ndinakuonapo ukusewera kwathu zaka zinayi zapitazo. Tinalephera kukudutsa masewero onse. Iwe hoki umaidziwa. Nanga ukutani kuno?"

Bohumil anapempha pepala kwa namwino, n'kulembapo dzina ndi nambala ya mphunzitsi wina wa ku Finland amene anamuphunzitsapo kale. "Munthuyu sayankhula, samwetulira, koma amadziwa wosewera akamuona."

Atabwerera ku timu yake, Vendelín anaika pamodzi Chingerezi chonse chimene anali nacho n'kuuza mphunzitsi kuti kusewera asewera, koma kumenya munthu wasiya. Anamukhazika pabenchi mwezi wathunthu, kenako anamuuza kuti alongedze. Anafika ku Javorná ndi chikwama chimodzi. Blažena anamuyang'ana kukamwa, anamugwira mphuno yokhota ija, ndipo anati, "Ndiye chipale chofewa cha kumeneko chimaluma, eti?" Kenako analira, ndipo atamva za nambala ya kwa Bohumil ija, anamuuza kuti ayimbe foni tsiku lomwelo.

Mphunzitsi wa ku Finland, a Tapio, anamuyesa masiku atatu osanena kanthu. Tsiku lachinayi anamupatsa juzi ndi kiyi wa nyumba ya zipinda ziwiri, n'kunena mawu awiri okha: "Itana banja." Vendelín anali ndi zaka makumi awiri ndi zisanu ndi chimodzi, ndipo anayenera kuphunziranso zimene manja ake anaiwala. Miyezi yoyamba ankachedwa, ankalakwitsa, ochemerera ankamuwowoza. Ankafika pabwalo ola limodzi anzake asanabwere, kumangotsetsereka chobwerera m'mbuyo, uku ndi uku, mpaka ntchafu kunjenjemera.

Anakhalako zaka zisanu ndi zitatu, ndipo ndi zaka zimene amazikumbuka mokoma. Blažena anapeza ntchito yophika buledi, n'kuphunzira Chifinishi msanga kuposa mwamuna wake, moti ankakangana ndi ogulitsa nsomba pamsika iye atangonyamula dengu. Chaka chachinayi anzake anamusankha kukhala kaputeni. Chaka chachisanu timu yawo inakwera kulowa mu ligi yaikulu, ndipo pamasewero omaliza Vendelín anakhala m'bwalo mphindi makumi atatu, n'kutchinga kampira ndi thupi lake kasanu ndi kawiri. Masewero atatha, a Tapio anamugwira chanza n'kunena kuti, "Bwino." Anzake anamuuza kuti m'zaka makumi awiri palibe anamvapo mkuluyo akuyamikira munthu motalika chotero.

Bondo lakumanja ndi limene linamubweza kwawo. Anapeza Javorná itasintha: fakitale itatsekedwa, achinyamata atathawira kumizinda, denga la bwalo la hoki likudontha, timu itatsika mpaka ligi yachitatu. A Ignác anali atakalamba.

"Ndamva kuti kunjako unali munthu wamkulu," anatero bambo akewo akumuthirira kachasu wa zipatso za mapulamu. "Ine ndinangomva. Maso angawa sanaone."

"Bondo latha, bambo."

"Bondo lina lija lili ndi ntchito yanji?"

Choncho Vendelín anasewerera timu ya kwawo zaka zina ziwiri, bondo atalimanga ngati mtolo wa nkhuni. Anthu amene anasiya kale kubwera kubwalo anayambiranso, ena kudzaona ngati Kabati akadali kabati, ena kudzangomuseka. A Ignác ankakhala pamzere woyamba atafunda bulangete, kumakalipira woyimbira. Anamwalira timu itangokwera kubwerera mu ligi yachiwiri, ataonerera masewero onse a pakhomo osaphonya ngakhale amodzi.

Atapachika ndodo, Vendelín ankaganiza zotsegula kagalaja. Terézia ndi amene anasokoneza. Ku Finland mtsikanayu ankasewera hoki ndi atsikana anzake, koma ku Javorná timu ya atsikana kunalibe.

"Bambo, mwasewerera anthu a mayiko atatu. Ine mwana wanu ndizingoluka masokosi?"

Anapita kukapempha nthawi kwa oyang'anira bwalo. Anamupatsa Loweruka, sikisi koloko m'mawa, nthawi imene palibe ankaifuna. Tsiku loyamba kunabwera atsikana asanu ndi awiri, atatu mwa iwo atavala zisoti za njinga. Amuna a kumalo omwera mowa anapeza nkhani, ndipo mmodzi wa iwo anamufuulira.

"Kabati, wayamba sukulu ya mkaka? Ukawaphunzitsenso kuphika!"

"Mwana wako Ľudmila amamenya kampira mwamphamvu kuposa mmene unkamenyera iwe," anayankha Vendelín. "Ubwere udzaime pagolo, ngati uli mwamuna."

Munthuyo sanaime pagolo, koma Loweruka lotsatira anabwera ndi makwerero n'kuyamba kumata denga la bwalo lija.

Atsikanawo anagonja masewero khumi ndi asanu ndi anayi motsatizana, ena ndi zigoli zoposa khumi. Vendelín sankakalipa. Ankangowauza chinthu chimodzi choti akonze, sabata yotsatira china. Masewero a makumi awiri anapambana ndi zigoli ziwiri kwa chimodzi, ndipo anamuunjikira onse mpaka anagwa pansi, bondo n'kutupa sabata yonse.

Pano Vendelín wadutsa zaka makumi asanu, amayenda chotsimphina, ndipo ku Javorná kuli matimu atatu a atsikana. Terézia anasewera zaka zinayi ku Sweden, tsopano ndi iye amene amaphunzitsa timu ya akuluakulu, bambo ake n'kumayang'anira tiana tongoyamba kumene, timene timagwa kuposa kuyenda. Chaka chino alembetsa ana makumi anayi ndi mmodzi. Blažena wanenetsa kuti majuzi a anthu onsewo iye sachapanso, ndipo Vendelín wayamba kufunsafunsa kumene angapeze makina ochapira aakulu, ngakhale akale.