Diso la pabowo la mpanda

Ndinali ndi zaka khumi ndi chimodzi pamene a Maseko anadzachita lendi kanyumba ka kuseri kwathu ku Manjawira. Matipate anali atangobwera kumene, koma anthu ankatsitsabe mawu akamakamba za boma. Bambo anga anakhalapo m'chitokosi miyezi itatu nthawi ya chipani chimodzi, ndipo amene anakawanenera sitinamudziwe.

A Maseko anabwera kuchokera ku Joni ndi kamera, mabulashi ndi zitini za penti. Maukwati sankajambula, zikwangwani za magolosale ayi. Iwo ankajambula mazenera a anthu, makatani otsegula pang'ono, ndi mipata ya m'mipanda. Munthu wabwinobwino angadye chiyani pamenepo?

"Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere," anatero amayi tsiku lina akupeta mpunga. "Iwe Nachisale, maso ako ngakuthwa. Uziona zimene akuchita alendowa, uzindiuza."

Ndisaname, ntchitoyo ndinaikonda. Ndinaboola mpanda waudzu ndi chala, ndipo ndikaweruka kusukulu ndinkagwada pomwepo, fungo la penti lili guu m'mphuno. Koma munthuyo ankangosakaniza utoto n'kumaimba mluzu basi. Ndinayamba kuchita manyazi kubwerera kwa amayi chimanjamanja. Tsiku lachinayi ndinapeka nkhani. Ndinati ndawaona akulemba mayina a anthu m'kabuku kakuda, ndipo la bambo lili pamwamba.

Bambo sanadye tsiku limenelo. M'mawa mwake anakaima pakhomo pa a Maseko.

"Pepani achimwene, nyumbayi tikufuna kusungiramo chimanga. Pofika Loweruka mukhale mutapeza kwina."

Munali mu Januwale, m'nkhokwe mwathu muli mbee. A Maseko anangoti, "Ndamva, bambo." Mbiri ya kabukuko inali itafika kale pamsika, moti panalibe wina wowapatsa nyumba.

Loweruka, asanakakwere minibasi ya ku Boma, anandiitana n'kundipatsa kabolodi kokulunga m'nyuzipepala.

"Tenga, mwanawe. Mwa onse amene ndawajambulapo, iwe ndiwe unkakhala bata."

Ndinakamasulira kuseri kwa bafa. Chinali chithunzi cha mpanda wathu, udzu uliwonse pamalo pake, ndipo pabowo panali diso, pamwamba pake kachipsera kanga ka pansidze. Ankandiona masiku onsewo. Ndinachita mantha, ndinakabisa kabolodiko kudenga la khitchini, osauza munthu. Bambo anamwalira patapita zaka zisanu ndi chimodzi akukhulupirirabe kuti dzina lawo linalembedwanso penapake, ndipo zimenezi zimandiwawa mpaka lero.

Panopa inenso ndine wojambula. Ndimajambula makamera a m'mashopu ndi mafoni amene anthu amatukula pamaliro. Obwera kudzaona ntchito zanga amakonda kundifunsa kuti kodi akutizonda ndani. Ndimawalozera kabolodi kaja, kamene ndimakapachika pafupi ndi khomo. Kazitape amene tinkamuopa kwathu analipodi, koma sanachokere ku Joni. Ankagwada pampanda atavala yunifolomu ya sukulu.